Nkhope Yanga pa Makoma a Lusaka

1

Dzina langa ndine Irene, koma mukafika pamsika wa pa boma la Chama, mufunse Anyina Lena ogulitsa mpunga, aliyense akulozerani. Akuuzaninso kuti ndine wapakamwa. Sindikana, pakamwa pomwepa ndi pamene pamadyetsa ana anga. Koma tsiku limene ndinaona nkhope yanga pachifuwa cha munthu wina, lilime linauma gwa.

Munthuyo anali Juliet, nesi wachitsikana amene anali atangomutumiza kumene kuchipatala chathu kuchokera ku Lusaka. Anafika pabenchi langa m'mawa, kumutu atameta mpala wonyezimira, atavala sikipa yoyera.

"Mami, ndipimireniko meda imodzi, uja wonunkhira."

Salome, mnzanga wogulitsa nsomba zouma pafupi ndi ine, anagwira tsaya. "Pepa mwanawe. Watisiya ndani kwanu?"

Juliet anaseka. "Awe mami, kulibe maliro. Ni sitayilo ya manje, ya masiku ano. Ku Lusaka atsikana ambiri tikumeta chifukwa cha uyu." Anakoka sikipa ija kuti tione bwino chithunzi chimene chinali pamenepo. "Timamutcha Mai Mpala. Ali pamakoma tauni yonse. Ndi mkazi amene wakana mawigi, wakana kuopsezedwa, wakana kuuzidwa zochita. Womujambula sadziwika. Timangoti Chipuku, poti amajambula n'kuzimiririka ngati mzukwa."

Salome anayang'ana sikipa, anandiyang'ana ine, n'kuyang'ananso sikipa. Kachipsera kanga kapamwamba pa diso lamanzere kanalipo. M'khosi mwa mkaziyo munali kachingwe kakuda, kamene kwathu amamanga mkazi tsiku lomumeta maliro a mwamuna wake.

"Uyu sanakane kanthu," anatero Salome motsitsa mawu. "Uyu ndi wamasiye. Ndipo wamasiyeyo ndi amene akukupimira mpungayu."

Meda ija, chitini chopimira mpunga, inandipulumuka. Mpunga unamwazika pansi, nkhuku za mumsika zinachita phwando, ine osatha ngakhale kuziingitsa.

2

Mwamuna wanga woyamba anali Fred Goma wa ku Kambombo. Ntchito yake inali yolemba zikwangwani: pometera tsitsi, pa matelala, pamabala, paliponse pofuna penti. Nkhope ankazitha moti munthu umafuna kupatsa moni khoma. Koma manja a munthu ankamukanika. Ndiye aliyense amene Fred anajambula, manja ake ali kumbuyo, kapena m'thumba, kapena pansi pa chitenje. Ndinkamuseka kuti anthu ake onse ali ngati aba ndiwo.

Nyimbo yake inali Lusaka. Ati kumeneko munthu amajambula zimene mutu wake wafuna, osati mitu ya anthu ometa basi. Ine ndinkamuyankha kuti penti sadyedwa. Ankangoseka, n'kumayang'ana kumsewu.

Chaka china m'dzinja, mtsinje wa Luangwa utadzaza, Fred anapita kutsidya pabwato ndi mng'ono wake Donald. Anabwerako Donald yekha, ali chonyowa, atanyamula nsapato imodzi ya mkulu wake. Anati bwato linagubuduzika pakati pa mtsinje, ndipo anaona ng'ona ikutembenuka m'madzi. Amuna anafufuza m'bango monse, mtembo osaupeza. Tsono anachita monga mwa mwambo wathu: anatenga chipatso cha mvunguti, anachikulunga nsalu yoyera, n'kuchiika m'manda m'malo mwa thupi, kuti mzimu upeze pogona. Ndinalira mpaka mawu anatha. Lena, mwana wathu, anali akali kuyamwa.

Tsiku lometa, apongozi anga aNyaNg'uni anandigwira mutu ndi manja awo, lumo likuyenda. Atandimanga kachingwe kaja anati, "Mwana wanga, usapite kwanu. Pakhomo pano ndi pako."

Patapita nthawi a Donald anandifunsira. Sanandikakamize, ndisawanamizire. Anali munthu wofatsa, wogula mpunga ndi chimanga m'midzi panjinga yamoto. Tinadalitsa ukwati kutchalitchi, tinasamukira pa boma, ndinavala yunifomu ya amayi a chigwirizano, tinabereka Jeff. Lena anakula akuwatcha atate ang'ono, ndipo sanamusiyanitsepo ndi mwana wawo. Chondisowetsa mtendere chinali chimodzi, foni yawo. Ndikupeta, ndikuchapa, ndikupesa Lena, iwo ali, "Imani pomwepo, Anyina Lena, ndikujambuleni." Ndinkang'ung'udza, koma mumtima ndinkanyada. Ndi akazi angati ku Chama amene amuna awo satopa kuwayang'ana?

3

Nkhani ya sikipa inathamanga kuposa moto wolusa. Dzuwa lisanapendeke inali itabala mapasa. Ena amati ndili ndi chibwenzi ku Lusaka chimene chikundilengeza pamakoma. Ena amati ndi Fred, mzimu wake wakwiya kuti ndinalowa m'nyumba ya mng'ono wake. Lamulungu lotsatira mayi otsogolera chigwirizano anandikokera pambali.

"Anyina Lena, yunifomu ija muyambe mwaipinda, mpaka nkhaniyi iyere."

Ndinawafunsa kuti tchimo langa ndi liti. Anati iwonso sakudziwa, n'chifukwa chake ndiipinde.

A Donald nditawauza, anati, "Anthu amafanana. Zisiyeni, zitha zokha." Koma chakudya sanachikhudze, ndipo anakwera njinga yamoto n'kuiwala chipewa chawo pampando.

M'mawa mwake ndinapita kuchipatala kukapempha Juliet kuti andionetse khoma lonse, poti pasikipa panali mutu ndi mapewa okha. Anatsegula foni. Ndinaona mkazi wamtali ngati nyumba yosanja, ataima chilili, maso ali gwa kwa odutsa. Ndinatsitsa maso kufuna manja ake. Anali kumbuyo.

Kuyambira tsikulo sindinakhalenso munthu. Ndikamadutsa pa boma, anthu a Fred ofufuma aja, amene akali pamakoma a masitolo, ankakhala ngati akunditsata ndi maso. Masana dzuwa lili paliwombo ndinkamva fungo la penti m'nyumba mopanda penti. Ndinkaopa. Ndinkadzifunsa kuti kodi ndinafulumira kukwatiwa? Kodi ndinalira mosakwanira? Wakufa akadandaula, umakapepesa kuti?

Apongozi anabwera panjinga yakabaza kuchokera ku Kambombo. "Fred sanagone bwino," anatero. "Tikakolola timumangire chiliza, aleka. Koma ku Lusakako usayerekeze kupitako, mwana wanga. Akufa sawatsatira."

Ine sindinanenepo kwa munthu kuti ndikufuna kupita ku Lusaka. Ndipo amene amandidziwa amadziwa kuti mukandiletsa chinthu, ndiye mwandituma.

4

Juliet anali kupita kwawo kutchuthi. A Donald ndinawauza kuti ndikukagulitsa mpunga ku Chipata. Tinakwera basi, Lundazi, Chipata, mpaka Lusaka, msana utasanduka thabwa.

Khoma lija tinalipeza pafupi ndi msika wina waukulu, pamene maminibasi amaimbirana mahutala osalekeza. Ndinakoka duku mpaka m'maso. Pansi pa nkhope yanga panali gulu la achinyamata. Anyamata a tsitsi lopota ankalakatula ndakatulo zodzudzula akuluakulu, wina akuimba ng'oma yopangidwa ndi chigubu. Atsikana a mpala ankajambulitsa zithunzi atakweza zibakera. Mtsikana wina, mnzake wa Juliet, anandiona ndikuyang'anitsitsa khoma.

"Mami, mwamukonda? Ine uyu anandipulumutsa. Mwamuna wanga ankandimenya, ine n'kumabisa mabala ndi wigi ndi mafuta. Tsiku lina ndinaima pano, ndinaona mmene mayiyu akuyang'anira, osaopa munthu. Ndinakameta, ndinakatenga mwana wanga, sindinabwererenso."

Ndinafuna kumuuza kuti mayiyo sankayang'ana molimba mtima, maso anali atangouma chifukwa misozi inali itatha. Tsiku limene ndinali wofooka kuposa masiku onse a moyo wanga, iwo analisandutsa mbendera. Ndinamva ngati andivula pakati pa msika. Komabe sindinamutsutse mwana uja. Ngati chisoni changa chinatulutsa mwana wa munthu m'nyumba ya zibakera, chinagwirako ntchito.

Juliet anafunsafunsa kwa anzake mpaka wina anatilozera chinyumba chakale chosungiramo katundu, kuseri kwa mafakitale, chimene achinyamata ojambula ndi osema anachilanda n'kuchisandutsa pogwirira ntchito. Pakhomo panali mnyamata wa ndolo pamphuno.

"Chipuku saonana ndi anthu," anatero. "Ngakhale atolankhani timawabweza."

Sindinalimbane naye. Ndinangovula duku, n'kutukula nkhope. Anabwerera m'mbuyo, pakamwa pali yasa, kenako anatsegula chitseko. Juliet anatsala panja.

5

M'katimo munali zitsulo zowotcherera, matayala opakidwa mitundu, nsalu zikuluzikulu zolendewera. Kumapeto kwenikweni kunali munthu atandifulatira, tsitsi lopota lofika m'mapewa, imvi zitayamba. Anaima mwendo umodzi, phazi linalo atalipondetsa pabondo ngati kakowa. Padziko lonse ndimadziwa munthu mmodzi yekha amene amaima choncho akamapenta.

"Fred."

Bulashi inagwa pansi. Anatembenuka pang'onopang'ono.

"Irene."

"Usanditchule. Ndiwe ndani iwe? Poti mwamuna wanga tinamuika ku Kambombo."

Ndinamuyandikira n'kumutsina pamkono ndi zikhadabo mpaka magazi anatuluka. Ndinafuna kudziwa ngati ndi mnofu. Nditaona magaziwo mantha anathawa, mkwiyo unalowa m'malo mwake. Ndinamupatsa mbama imene achinyamata onse m'chinyumbamo anaimva.

Sanabwezere, sanadzitchinjirize.

"Bwanji sunangondisiya monga amuna ena amasiyira akazi awo?" ndinafunsa.

"Wotchona amamutukwana, wakufa amamulira," anayankha akuyang'ana pansi. "Kukhala ndinalephera, Irene. Ndikanakhala ndikanapenga. Koma ndikanatchona, iwe ukanakalambira pakhomo ukudikira, wosakwatiwa, wosamasuka. Ndinati bola ndife, iwe umasuke."

"Wandichitira chifundo eti? Zikomo kwambiri, bwana. Nanga pamakoma wandipachikirapo chiyani?"

"Nditaona mmene anakumetera, nkhope ija inakana kuchoka m'mutu mwanga. Ndinaganiza kuti ndikaiika pakhoma indisiya. Ndinajambula khoma limodzi, lachiwiri, osandisiya. Anawa anadzaipatsa tanthauzo lawo, ine ndinalibe mphamvu yowauza zoona."

Mawu amodzi anandikola. "Unaona? Pondimeta unali kuti?"

Fred anapisa dzanja m'thumba. Pamenepo m'pamene ndinayang'ana nsalu imene ankapenta. Anali Lena, atavala yunifomu ya kusukulu, ali ndi tindolo tofiira m'makutu. Makutuwo ndinamuboola ndine mwezi wapitawo.

Fred anatulutsa foni m'thumba n'kundipatsa. Ndinadziona ndikupeta mpunga. Ndinadziona ndili ndi pakati pa Jeff. Ndinadziona nditavala zoyera pakhomo la tchalitchi. Kumayambiriro kwenikweni ndinadziona nditakhala pamphasa, tsitsi langa lili pansi. Pamwamba pa zithunzi zonsezo panali dzina la wotumiza: Mng'ono.

"Anandiwolotsa yekha, anandiperekeza mpaka pamsewu," anatero Fred. "Nsapato ija ndinamuvulira ndekha. Pangano lathu linali loti ine ndisadzapondenso ku Chama, iye azinditumizira zithunzi zanu."

Ndinakhala pansi pasimenti pomwepo. Zaka zonsezi ndinkaimirira, n'kukonza duku, n'kumwetulira, ndikuyesa kuti mwamuna wanga akundisirira. Pamene iye ankapereka msonkho kwa mwini munda.

6

Pobwerera sindinafikire kunyumba. Ndinatsika basi n'kukwera njinga mpaka ku Kambombo. Ndinkaganizira gogo uja, amene ankafuna kumanga chiliza cha mwana wamoyo. Njira yonse ndinkakonza mawu, kuopa kuti mtima wawo ungaime.

Ndinawapeza masana pakhonde akusenda mtedza. Ndinagwada pafupi, ndinawagwira bondo.

"Amama, limbani mtima. Ndachokera ku Lusaka. Fred ali moyo."

Dzanja lawo silinaime. Anaswa mtedza wina, anaponya makoko pambali.

"Wanenepa kapena waonda?"

Ndinayesa kuti sanamve. "Amama, ndati Fred…"

"Ndamva, sindine gonthi. Mvunguti uja ndinakasankha ndine."

Ndinachotsa dzanja pabondo lawo, n'kuwayang'anitsitsa.

"Usandiyang'ane ngati mfiti," anapitiriza. "Ndinabala ana aamuna awiri. Wina thupi linali kuno, mtima uli kutauni. Wina ankakuyang'ana kuyambira tsiku la ukwati wako, osanena kanthu. Fred akanatchona, abale ako akanabwera kudzakutenga, Lena akanatsala kuno kukula wopanda mayi. Iwe unandisambitsa nditadwala pamene ana anga aakazi anali kumabanja awo. Sindinafune kukutaya. Kodi Donald anakumenyapo? Unagonapo ndi njala?"

"Nanga kulira kuja munkalira pamaliro?"

"Ndinkalira mwana amene sindidzamuonanso. Imeneyo si imfa?"

"Amene munandigwira mutu pondimeta ndinu, amama."

"Inde. Ndinagwira bwino kuti lumo lisakucheke."

Ananena zimenezi mwachikondi, ndipo ndicho chimene chinandiopsa kwambiri. Akanakhala kuti amadana nane ndikanadziwa chochita, pakamwa ndili napo. Koma munthu amene wakubera moyo chifukwa chokukonda umamutukwana bwanji? Ndinadzuka, ndinasasa chitenje, ndinachoka osatsanzika.

A Donald ndinawapeza atakhala pakhomo, njinga yamoto ili poteropo yosapukuta. Atangoona nkhope yanga anadziwa.

"Mwakumana nawo."

"Ndakumana nawo. Ndachokeranso kwa amama."

Anagwira mutu ndi manja awiri. "Anyina Lena, zonse zinali zabodza, ndikuvomera. Koma kukukondani kokha sikunali kwabodza."

"Mwina n'zoona," ndinatero. "Koma munathira mpunga ndi mchenga m'thumba limodzi. Ine ndatopa, sindingathe kupeta."

Analira, mwamuna wamkulu, misozi mpaka m'ndevu. Ndisabise, mtima unandiwawa, chifukwa ndinkawakonda, ndipo mwina ndikali kuwakonda. Komabe ndinalongedza. Ndinapeza kachipinda kuseri kwa msika, ndinatenga ana anga onse awiri, ndipo palibe amene analimba mtima kunditsekereza.

7

Chotsala chinali Lena. Manje ndi mtsikana wozindikira, ndipo ndinadziwa kuti ndikapanda kumuuza ine, amuuza a kumsika. Ndinamukhazika pansi Loweruka masana, mng'ono wake akusewera panja, ndinamufotokozera zonse. Sindinakometse, sindinawonjezere.

Anamvetsera osaphethira. Nditamaliza anafunsa, "Ndiye zithunzi zanga zonse ankaziona?"

"Ankaziona."

"Nditadwala malungo n'kugona m'chipatala, anaona?"

"Atate ako ang'ono anakujambula, ndiye anaona."

"Osabwera."

"Osabwera, mwana wanga. Koma manje a ku Lusakawo akuti ukafuna, ndikakuperekeze ukawaone."

Anapotokola mpendero wa diresi lake. Ndinkadikira kuti alire kuti ndimukumbatire. Sanalire.

"Musawauze kuti ndadziwa," anatero. "Atate akufa aja ndinkawakonda. Ndikakhoza mayeso ndinkawauza mumtima, ndinkati akanakhala moyo akanabwera kudzandiona. Awa amoyowa sindikuwadziwa. Asiyeni akhale akufa."

Atatero anatenga ndowa n'kupita kumjigo, ngati tinkakambirana za mtengo wa sopo.

Abale anga owerenga, ine sindine mlaliki, ndipo malangizo ambiri ndilibe. Akulu a mpingo mpaka lero akali kukangana ngati ndine wamasiye, mkazi wa Fred, mkazi wa Donald kapena wachigololo, ndipo akandifunsa ndimawauza kuti akagwirizana adzandidziwitse. Chimene ndingakuuzeni n'chakuti musamukonzere munthu moyo iye kulibe, ngakhale mumukonde chotani. Anthu atatu anakhala pansi n'kugawana za ine mwachifundo, ndipo aliyense anapeza chimene ankafuna. Palibe amene anaganiza zongondifunsa.

Kale ndinkaopa akufa. Manje ndikudziwa kuti akufa alibe mlandu ndi munthu, amagona pamene tawaika. Amene amandisowetsa tulo ndi amoyo: wina akupenta ku Lusaka, wina amadutsa pamsika panjinga yamoto akuyang'ana kumbali, wina akunditumizirabe mtedza kuchokera ku Kambombo. Ndipo m'nyumba mwanga muli mwana amene waika atate ake m'manda kachiwiri, yekha, popanda womuthandiza kulira. Ndimamuyang'ana akamadya, akamawerenga, ndikudikira tsiku limene adzalire. Silinafike.